Kusinthanitsa mawu m'mbiri ya katswiri: chimabedwa n'chiyani, chimaonongeka n'chiyani?

Woyimba kapena katswiri wa zisudzo akamwalira, mbiri yake imatuluka pa masamba ambirimbiri a pa intaneti dzuwa lisanalowe. Wowerenga wachidwi akatsegula masamba asanu kapena asanu ndi limodzi amaona chodabwitsa: nkhani zonsezo zimayamba ndi mfundo imodzi, zimakhotera pamodzi, n'kukathera pamodzi, chikhalirecho mawu ake ndi osiyana. Pamene tsamba lina lati "anatchuka", lina lati "anadziwika". Pamene lina lati "namatetule pa zoyimba", lina lati "mkhalakale pa maimbidwe". Kawirikawiri mlembi weniweni amakhala mmodzi yekha. Enawo anangotenga nkhani yake, n'kuzula mawu apa ndi apo, n'kubzalapo ena ofanana nawo m'matanthauzo kuti ioneke ngati yawo.

M'Chingerezi mchitidwewu amautchula kuti spinning. Suchitika pa mbiri za akatswiri zokha, koma mbiri ndiyo imaonetsa poyera vuto lake, chifukwa mbiri ya munthu ili ndi magawo awiri osiyana kwambiri. Gawo loyamba ndi mfundo zenizeni: dzina, tsiku lobadwa, mudzi, gulu limene ankayimbamo, zimbale zimene anatulutsa. Izi n'za aliyense ndipo palibe angaletse mnzake kuzilemba. Gawo lachiwiri ndi ntchito ya mlembi: zimene anasankha kunena ndi zimene anasiya, chimene anayamba nacho, mmene analumikizira zochitika, ndi chigamulo chake pa luso la munthuyo. Wosinthanitsa mawu amasenza gawo lachiwirili lonse lathunthu, lomwe ndi la mwini wake, ndipo pofuna kufafaniza mapazi amavulaza gawo loyamba lija, lomwe akanalitenga mwaulere.

Momwe zimachitikira

Chida chakale cha ntchitoyi ndi buku la mawu ofanana m'matanthauzo. Lotchuka kwambiri m'Chingerezi analikonza dokotala wa ku Britain, Peter Mark Roget, ndipo linasindikizidwa koyamba mu 1852. Cholinga chake chinali kuthandiza munthu amene ganizo ali nalo m'mutu koma mawu oyenera amuthawa. Wosinthanitsa mawu amaligwiritsa ntchito chagada: mawu oyenera ali nawo kale pamaso pake, a mwini wake, ndipo akufuna ena oti awaphimbire.

Mu 2014 mphunzitsi wa pa yunivesite ya Middlesex ku London, Chris Sadler, anaupatsa mchitidwewu dzina loti Rogeting ataupeza m'zolemba za ophunzira. Chitsanzo chake chimene chinaseketsa dziko chinali cha mawu akuti "left behind", kutanthauza kusiyidwa m'mbuyo. Liwu loyambalo limatanthauzanso kumanzere, ndipo lachiwirilo limatanthauzanso pokhalira pa munthu. Atasinthidwa lililonse palokha anatuluka kuti "sinister buttocks", zomwe wowerenga angamve ngati matako achiwembu.

Masiku ano ntchitoyi imagwiridwa ndi mapulogalamu a pa kompyuta. Pulogalamu yosavuta imapatsidwa chiganizo chokhala ndi malo angapo osinthika, malo alionse ali ndi mawu atatu kapena anayi oti isankhepo. Ndime ikakhala ndi malo otere 10, alionse ali ndi mawu 3, pamatuluka ndime zosiyana 59,049 kuchokera pa imodzi. Chimene chimakoka anthu ndi ndalama za otsatsa malonda, zomwe zimabwera malinga ndi kuchuluka kwa anthu otsegula tsamba. Makina ofufuzira monga Google akapeza masamba ofanana ndendende amaonetsa limodzi n'kukankhira ena kumbuyo, choncho wokopera amafuna kuti nkhani yake ioneke yatsopano m'maso mwa makinawo. Dzina la munthu wotchuka amene wangomwalira ndi nyambo yabwino, poti anthu zikwizikwi amalifufuza nthawi imodzi. Google inayamba kugwetsa masamba a nkhani zopanda phindu mu Febuluwale 2011 kudzera m'kusintha kumene kunatchedwa Panda, ndipo malamulo ake amatchula kusinthanitsa mawu ngati njira imodzi yachinyengo. Komabe mchitidwewu sunathe.

Nkhani ya Brandon Hunter

Brandon Hunter anali wosewera basketball wa ku America amene anasewerapo m'matimu a Boston Celtics ndi Orlando Magic mu ligi ya NBA. Anamwalira pa 12 Sepitembala 2023 ali ndi zaka 42. Posakhalitsa tsamba la nkhani la MSN, la kampani ya Microsoft, linaonetsa nkhani ya imfa yake yochokera ku tsamba lina losadziwika bwino, ndipo mutu wake unali wakuti "Brandon Hunter useless at 42". Liwu lakuti "dead", wakufa, linasinthidwa ndi lakuti "useless", wopanda pake. Dziko linauzidwa kuti malemuyo anasanduka wachabechabe ali ndi zaka 42.

Pulogalamu imene inachita izi sinalakwitse malinga ndi nzeru zake. M'Chingerezi batire lotha mphamvu amati lafa, ndipo chinthu chotero n'chopanda pake ndithu. Chimene pulogalamuyo sinadziwe n'chakuti ikunena za munthu amene abale ake anali pa maliro. M'kati mwa nkhaniyo zinthu zinali chimodzimodzi. Mawu aulemu akuti "passed away" anasanduka "handed away", ngati kuti munthuyo anaperekedwa kwa wina monga katundu. Masewero 67 amene anasewera mu NBA anasanduka "video games", masewero a pa kanema amene ana amakonda, ndipo mapointi 17 amene anagoletsa pa masewero ena anasanduka "factors", liwu la m'masamu. Anthu atadandaula nkhaniyo inachotsedwa. Zaka zitatu izi zisanachitike, mu 2020, Microsoft inali itachotsa ntchito akonzi ambiri amene ankasankha nkhani za pa MSN n'kusiyira makina udindowo.

Nthendayi yalowa ngakhale m'zolemba za sayansi. Mu 2021 akatswiri atatu a za makompyuta, Guillaume Cabanac, Cyril Labbé ndi Alexander Magazinov, anaonetsa kuti m'magazini ena a kafukufuku muli mawu opotoka amene palibe wasayansi angawalembe dala. Mwachitsanzo "artificial intelligence", dzina la luso la makompyuta oganiza ngati munthu, linkapezeka litasanduka "counterfeit consciousness", chikumbumtima chachinyengo. Mawu otere anakhala chizindikiro chogwirira zolemba zobedwa.

Mawu ofanana si mapasa

Amene amayankhula Chichewa safuna mphunzitsi kuti amvetse zimene zinachitikira Hunter. Galimoto imafa, nkhuku imafa, foni imafa, koma palibe amati galimoto yamwalira. Munthu amamwalira, amatisiya, amatsikira kulichete, ndipo liwu lililonse mwa awa lili ndi malo ake: lina ndi la pa uthenga wa maliro pa wailesi, lina la pa mwambo wa mapemphero, lina la m'ndakatulo. Kusukulu ana amaphunzitsidwa kuti awa ndi mawu ofanana m'matanthauzo, ndipo n'zoona, koma kufanana kwake n'kwa pachibale. Mwana akhoza kufanana ndi amalume ake nkhope, koma sangakhale pampando wawo pokamba mlandu wa banja.

M'mbiri ya woyimba kusiyana kwakung'ono kotere kumasintha zochitika zenizenizo. Malemu Lucius Banda, amene anamwalira pa 30 Juni 2024 ku South Africa, anakulira m'gulu la Alleluya ku Balaka pansi pa mkulu wake Paul Banda, kenaka anayambitsa gulu lakelake la Zembani. Pakati pa "anayamba kuyimba mu Alleluya" ndi "anayambitsa Alleluya" pali zilembo zochepa chabe, koma chiganizo chachiwiricho chimalanda munthu wina ntchito yake. Liwu limodzi la Chingerezi lakuti "brother" m'Chichewa limakakamiza wolemba kusankha pakati pa mkulu ndi mng'ono, ndipo wosadziwa banjalo akhoza kulitembenuza. Dzina lakuti Soldier, limene anthu ankamutchula nalo kaamba ka nyimbo zake zolankhulira amphawi, pulogalamu ikhoza kulisandutsa msilikali, mawa n'kumveka kuti anagwirapo ntchito ya usilikali.

Pena kusintha liwu kumafika pokhudza mlandu. Evison Matafale, amene anatchuka ndi gulu la Black Missionaries la ku Chileka, anamwalira mu Novembala 2001 ali m'manja mwa apolisi, ndipo imfa yake inabutsa mkangano waukulu m'dziko. Mtolankhani wosamala amayeza liwu lililonse polemba chiganizo chimenechi. "Anamwalira ali m'manja mwa apolisi" ndi mfundo. "Anaphedwa" ndi chigamulo cholozera chala anthu ena. "Anamwalira" lokha, osatchula kumene anali, ndi kukwirira chinthu chimene mtundu wonse umakumbukira. Buku la mawu ofanana limaika mawuwa moyandikana popanda chenjezo lililonse.

Mayina a zida ndi a magule ndiwo amavutika kwambiri, chifukwa kwa munthu wakunja onse amaoneka ngati chinthu chimodzi. Banjo ya Allan Namoko, woyimba wakhungu wa ku Thyolo wa gulu la Chimvu River Jazz Band, si gitala. Bangwe si kaligo ngakhale zonsezo zili ndi nsambo, poti bangwe ndi thabwa la nsambo zingapo lokhwatchidwa ndi zala pamene kaligo ali ndi nsambo imodzi yokwechedwa ndi kauta. Kwela ya abale a Kachamba, yoyimbidwa ndi chitoliro chachitsulo, gitala ndi besi ya nsambo imodzi, ikalembedwa kuti "nyimbo zachikhalidwe" mbiri yake yochokera m'matauni a ku South Africa m'zaka za m'ma 1950 imafufutika. Nawonso manganje, malipenga, tchopa ndi vimbuza onse ndi magule, koma vimbuza ndi gule wa machiritso pakati pa Atumbuka, ndipo wovina vimbuza akalembedwa kuti "wosangalatsa anthu" amakhala atanamiziridwa. Mayina a anthu, a magulu, a zimbale, a nyimbo, a malo ndi a mphoto alibe mawu ofanana nawo m'pang'ono pomwe. Black Missionaries ndi Black Missionaries basi.

Zimene malamulo amanena

Anthu ambiri amaganiza kuti malamulo a umwini wa luso amateteza mawu okha, kotero kuti wosintha mawu wapulumuka. Maganizowa ali ndi kachoonadi pang'ono, ndipo n'chifukwa chake amasocheretsa.

Pangano la Berne la mu 1886, lomwe Malawi inalowamo mu 1991, limanena m'gawo 2 kuti chitetezo chake sichikhudza nkhani za tsikulo kapena mfundo wamba zongodziwitsa anthu. Bwalo lalikulu la ku America linatsindika zomwezo mu 1991 pa mlandu wa Feist, wokhudza buku la manambala a telefoni, pamene linagamula kuti mfundo zilibe mwini ngakhale wina atakhetsa thukuta pozisonkhanitsa. Choncho aliyense ali ndi ufulu wolemba kuti woyimba wakuti anabadwa chaka chakuti ndipo anatulutsa zimbale zakuti.

Koma pangano lomwelo m'gawo 12 limapatsa mlembi yekha mphamvu zololeza kuti ntchito yake isinthidwe kapena ikonzedwe mwina, ndipo m'gawo 8 limamupatsa mphamvu zololeza kuti imasuliridwe. Mfundo yachiwiriyi imaiwalika kawirikawiri. Mbiri yolembedwa m'Chingerezi ikatembenuzidwa chiganizo ndi chiganizo kupita m'Chichewa, mawu onse amasintha, palibe ngakhale limodzi lotsala, komabe nkhaniyo imakhala idakali ya mlembi woyamba uja. Ngati kusintha mawu onse sikuchotsa umwini, kusintha liwu limodzi pa mawu asanu alionse sikungauchotse.

Mlandu umene unaunika bwino nkhaniyi unali wokhudza mbiri ya munthu ndithu. Mlembi wa ku Britain, Ian Hamilton, ankalemba mbiri ya J. D. Salinger, mlembi wa mabuku wa ku America amene ankadana ndi kuonekera pagulu. Hamilton anapeza makalata a Salinger osasindikizidwa m'malaibulale a mayunivesite ndipo anatengamo ndime zambiri. Salinger atakana, Hamilton anazilembanso ndimezo m'mawu ena, koma motsata mapazi a mwini wake: fanizo pamene panali fanizo, nthabwala pamene panali nthabwala. Mu 1987 bwalo la apilo ku New York linaletsa bukulo kutuluka mmene linalili. Oweruza anati Hamilton anali womasuka kunena zimene zinachitika malinga ndi makalatawo, koma analibe ufulu wotenga kafotokozedwe ka Salinger, ngakhale atakaveka mawu ena. Bukulo linatuluka mu 1988 litalembedwanso.

Ku Malawi nkhani zotere zili pansi pa lamulo la umwini wa luso la mu 2016, lomwe linalowa m'malo mwa la mu 1989, ndipo bungwe loyang'anira ndi Copyright Society of Malawi, COSOMA, lomwe linakhazikitsidwa mu 1992. Anthu amalidziwa kwambiri bungweli pa nkhani za nyimbo, koma lamulolo limatetezanso zolembalemba, ndipo mbiri ya woyimba yolembedwa ndi mtolankhani ndi imodzi mwa izo.

Palinso mlandu wina umene sufuna bwalo. Munthu akhoza kutenga nkhani imene malamulo sakuiteteza, kapena imene mwini wake waloleza, koma akaisainira dzina lake ngati anailemba yekha wanamiza owerenga. Mfundo za chikhalidwe cha atolankhani zimene bungwe la International Federation of Journalists linavomereza ku Bordeaux mu 1954 zimaika kuba zolemba m'gulu la milandu ikuluikulu ya ntchitoyi, pamodzi ndi kuipitsa mbiri ya munthu ndi kulandira ziphuphu.

Chimene chimabedwa chimaoneka bwino munthu akaganizira mmene mbiri yodalirika imapezekera. Zambiri zimene dziko limadziwa za Daniel ndi Donald Kachamba zinachokera kwa Gerhard Kubik, katswiri wa za nyimbo wa ku Vienna amene anakumana nawo ku Blantyre mu 1967 n'kupitiriza kugwira nawo ntchito zaka zambiri, komanso kwa Moya Aliya Malamusi wa ku Chileka, amene anathera moyo wake akujambula ndi kusunga nyimbo ndi nthano. Ndime imodzi ya anthu otere imayimira maulendo, matepi, mafunso obwerezabwereza kwa achibale, ndi kuyerekeza zimene wanena uyu ndi zimene wanena uyo. Wosinthanitsa mawu amatenga zonsezi pa mphindi zisanu, dzina la wofufuzayo n'kulisiya panjira. Wowerenga wofuna kutsimikiza mfundo sadziwanso kolowera.

Cholakwa chimasamuka ndi nkhani

Wosintha mawu safufuza kanthu, choncho cholakwa chilichonse cha m'nkhani yoyamba amachinyamula. Choopsa n'chakuti cholakwacho chikaoneka pa masamba khumi m'mawu khumi osiyana chimaoneka ngati mboni khumi, pamene mboni ndi imodzi yokha.

Mu Malichi 2009 wopeka nyimbo za m'mafilimu wa ku France, Maurice Jarre, atamwalira, wophunzira wina wa pa yunivesite ku Dublin, Shane Fitzgerald, anapeka mawu okoma n'kuwaika pa tsamba la Jarre pa Wikipedia ngati kuti malemuyo anawayankhula. Ankafuna kuona ngati atolankhani amafufuza zimene amatenga pa intaneti. Mawuwo analowa m'nkhani za imfa ya Jarre m'manyuzipepala angapo, kuphatikizapo The Guardian ya ku Britain, ndipo bodzalo linadziwika patapita milungu ingapo wophunzirayo ataulula yekha.

Cholakwa chotengera chotere ndicho chizindikiro champhamvu kwambiri kwa mkonzi amene akukayikira nkhani. Anthu awiri olemba paokha akhoza kugwirizana pa choonadi, koma n'kovuta kuti alakwitse chaka chimodzimodzi kapena kalembedwe ka dzina la mudzi mofanana. Chizindikiro china ndi mafupa a nkhani. Mkonzi akaika nkhani ziwirizo pambalipambali n'kulemba mfundo ya chiganizo chilichonse m'mawu awiri kapena atatu, mizere iwiriyo imatsika mofanana ngati njanji. Mawu achilendo pamalo pamene munthu aliyense akanagwiritsa ntchito liwu wamba amaululanso. Mapulogalamu atsopano amene amalemba ngati munthu sachita kawirikawiri zolakwa zoseketsa zija, ndipo ziganizo zawo zimatsetsereka bwino, koma akapatsidwa nkhani imodzi kuti aisinthe amasunga ndondomeko yake, zosankha zake ndi zolakwa zake, nthawi zina n'kuwonjezapo zawo.

Kulemba mwatsopano n'kutani

Kufotokoza m'mawu a mwini kumayamba ndi kuwerenga zolemba zingapo, osati chimodzi, n'kutolamo mfundo zokha: masiku, mayina, malo, ziwerengero. Pamene zolembazo zikusemphana, wolemba amaimbira foni woyimbayo, abale ake, amene ankayimba naye kapena amene anamujambula. Kenaka amatseka zonse n'kudzifunsa chimene owerenga ake akufunika kudziwa za munthuyo. Yankho lake ndilo limasankha poyambira. Wolembera anthu a ku Balaka za Lucius Banda sangayambe mmene angayambire wolembera anthu a ku London, ndipo nkhani ziwirizo zimasiyana zokha popanda kusakasaka mawu ofanana.

Pamene mlembi wina ananena chinthu mwaluso moti kusintha n'kuononga, njira yake ndi kuchigwira mawu monga chilili, m'zizindikiro za mawu a mwini, n'kutchula dzina lake. Gawo 10 la pangano la Berne limalola zimenezi bola zikhale pa mlingo woyenera ndipo gwero ndi mlembi zitchulidwe. Mawu amene woyimba anayankhula yekha ndiwo osayenera kukhudzidwa konse. Akasinthidwa koma n'kusiyidwa m'zizindikiro zija, munthuyo wayankhulitsidwa zimene sanayankhule.

Chodabwitsa n'chakuti zolemba ziwiri zimene zimasinthidwa kwambiri n'zimene eni ake analoleza kale kuti zitengedwe. Mbiri yaifupi imene woyimba kapena manijala wake amatumiza kwa atolankhani ndi kwa okonza zoyimbayimba inalembedwera cholinga chomwecho, kuti isindikizidwe pa mapositala, m'mapulogalamu a zikondwerero ndi m'manyuzipepala. Chofunika ndi kutsimikiza mfundo zake, poti mbiri zotere zimakonda kukometsa, ndi kuuza owerenga kuti yachokera kwa mwini wake. Nayo Wikipedia, yomwe inayamba mu 2001, imatulutsa nkhani zake pa chilolezo cha Creative Commons chotchedwa BY-SA. Chilolezochi chimalola aliyense kukopera nkhani yonse, kuisintha, kuimasulira m'Chichewa ngakhale kuigulitsa, pa mfundo ziwiri zikuluzikulu: atchule kumene yachokera ndi kunena ngati waisintha, ndiponso alole ena kuchita chimodzimodzi ndi nkhani yake yatsopanoyo.